Mwana wanga sakuugwira mpira koma kochi akuti ndiye dolo. Nnamdi Asomugha ameneyu ndani?

Bambo_Indiana
Abale anga pagulu pano, ndithandizeni nzeru ndisanakalankhule zolakwika kusukulu. Mnyamata wanga wachiwiri, wa zaka 16, akusewera mpira wa ku America uja wovala zipewa zolimba, pa timu ya sukulu yake kuno ku Indiana. Malo ake amati cornerback. Ine ndimagwira ntchito usiku, ndiye kuti ndikamuonere Lachisanu madzulo ndimachita kunyengerera mnzanga kuti tisinthane shifiti. Ndapitako kasanu. Kasanu konseko mwana sanaukhudze mpira ngakhale ndi chala. Amangothamanga chafutambuyo kumphepete kwa bwalo uko, kulondola mwana wa eni ake, wezulo ikalira n'kubwerera. Ana a anzathu akugoletsa, mayina awo akumveka pa chimkuzamawu, makolo awo akuimirira n'kumakuwa. Ine phee, bulangete m'mapewa, kuzizidwa chabe.

Sabata yatha ndinamufunsa kochi mwaulemu ngati sangamusinthe malo. Anangoseka, amvekere sakumuponyera chifukwa akumuopa, mukafufuze za Nnamdi Asomugha. Ndinagwedeza mutu koma mumtima ndinati bambo awa akundinyengerera ngati mwana. Alipo pano amene amautsatira mpira umenewu? Mwana wangayu akusewera kapena akungoperekeza anzake?

Chimzy265
Kkkk madala, mwana akupanga jogging ya ulele inu mukulipira mafuta a galimoto.

Maule_Mpaka_Kale
Mpira wanji wogwira ndi manja? Mubwere naye kuno adzaone mpira weniweni.

Kabaza_wa_Oakland
Achimwene a ku Indiana, musapite kusukuluko, mukachita manyazi. Kochiyo wakuyamikirani mwana, inu simunamve. Ndakhala ku Oakland kuyambira zaka zimene Asomugha ankasewera kuno, ndipo ndinamuonapo ndi maso anga ku bwalo la Coliseum, ndiye ndiloleni nditalikitseko.

Choyamba ntchito yake. Timu imene ili ndi mpira imakhala ndi woponya, amene amamutcha quarterback, ndi anyamata aliwiro owakha mpira, ma receiver. Cornerback ali ku timu yotchinga. Iye amapatsidwa receiver mmodzi kuti amumake. Vuto ndi ili: receiver akudziwa kumene akupita, anagwirizana kale ndi woponya kuti ndithamanga mayadi 10 kenako ndikhotera kumanzere. Cornerback sakudziwa kanthu. Amayamba akubwerera chafutambuyo, maso ali m'chiuno mwa mnzakeyo, chifukwa mutu ndi mapewa zimanama koma chiuno sichinama. Akachedwa kutembenuka ndi phazi limodzi lokha, basi mnzake wadutsa, ndipo bwalo lonse laona amene wadyedwa.

Tsono Asomugha. Anabadwa mu 1981 ku Lafayette, Louisiana, makolo ake Aigbo ochokera ku Nigeria, koma anakulira ku Los Angeles. Anaphunzira ku University of California, Berkeley, ndipo kumeneko ankasewera kwambiri ngati safety, amene amaima kumbuyo kwenikweni. Oakland Raiders inamutenga mu 2003, anali munthu wa nambala 31 kusankhidwa, ndipo ambiri anadabwa kuti amutengeranji msanga chotero. Mwini timu, Al Davis, ankakonda anyamata aatali, aliwiro, omaka munthu payekha maso ndi maso. Anamusandutsa cornerback. Zaka zitatu zoyambirira sanalande mpira m'malere ngakhale umodzi. Anthu kuno ankati ndalama zapita m'madzi.

Mu 2006, cornerback mnzake Charles Woodson atachoka kupita ku Green Bay, oponya anati tiyeni timuyese wotsalayu. Analanda mipira 8 chaka chimenecho. Ndiye mvetserani zimene zinatsatira: 2007 umodzi, 2008 umodzi, 2009 umodzi, 2010 palibe. Munthu wongowerenga manambala anganene kuti anatha. Koma zaka zomwezo, 2008, 2009 ndi 2010, ndi zimene anasankhidwa kupita ku Pro Bowl, masewero a akatswiri opambana a chaka, ndipo mu 2009 Raiders inamupatsa kontrakiti ya zaka zitatu ya madola pafupifupi 45 miliyoni, imene panthawiyo inali yoposa ya wotchinga kumbuyo aliyense mu NFL, ligi yaikulu ya mpirawu. Oponya anangosiya kuyang'ana mbali yake. Mpira wosakuponyera uulanda bwanji?

NaPhiri_wa_pa_Zomba
Ndamva tsopano. Zili ngati mlonda. Bambo anga anagwirapo ulonda pa sitolo ina zaka zisanu ndi ziwiri, osabedwa ngakhale loko. Tsiku lina bwana akuti timakulipirirani chiyani, kuno kulibe akuba. Anawachotsa. Mwezi sunathe, denga linabooledwa.

Kabaza_wa_Oakland
Mayi, mwaponda pomwepo. Ndipo nkhani ya bambo anu ili ndi mphwake. Kontrakiti ija ya 2009 inali ndi mfundo yoti chaka chachitatu chidzafafanizika ngati mu 2010 sadzaposa zimene anachita mu 2009, monga kuchuluka kwa nthawi imene wasewera kapena mipira imene walanda. Anavulala kakolo, anaphonya masewero awiri, ndipo mpira wolanda panalibe chifukwa palibe ankamuponyera. Kontrakiti inathera pomwepo, mu January 2011. Ukatswiri wake womwewo ndi umene unamutsegulira chitseko.

Revis_Island_BT
Akulu a Kabaza, nkhani mwaikometsa koma mwabisa mbali ina. Asomugha ku Oakland ankaima mbali imodzi, ya kumanja, pafupifupi nthawi zonse. Timu yanzeru inkangochotsa receiver wake wabwino n'kumupititsa mbali inayo, kwa cornerback wofooka. Nanga umuponyerenji munthu wovuta pamene khomo lina lili pululu? Komanso Raiders ya zaka zimenezo inali yosavuta kuigonjetsa pongothamanga ndi mpira pansi. Ndiye kusaponyeredwa kwakeko, theka ndi ulemu, theka ndi kufooka kwa anzake.

Muyerekeze ndi Darrelle Revis wa New York Jets mu 2009. Iye ankalondola receiver woopsa kwambiri kulikonse kumene wapita, kumanja, kumanzere. Randy Moss, Terrell Owens, Andre Johnson, Chad Ochocinco, onse anawatseka chaka chimodzi chomwecho, ndipo ankamuponyera ndithu, iye n'kumaugwetsa mpira. Analanda 6. Pambuyo pake anatenga Super Bowl, chikho chachikulu cha NFL, ndi New England Patriots ndipo mu 2023 analowa mu Hall of Fame, mndandanda waulemu wa akatswiri opuma. Asomugha sanalowemo. Pali chifukwa.

Kabaza_wa_Oakland
Revis sindikumutsutsa, anali chilombo. Koma kuima mbali imodzi sanasankhe yekha, ndi mmene timu inkaseweretsera. Ndipo munthu mmodzi kutseka theka la bwalo, kuti safety akathandize kwina, si ntchito yamasewera. Kuti kwinako kunkadonthabe, mlandu si wake. Mutu umodzi susenza denga. Taonani, anafika Raiders itangoluza Super Bowl kwa Tampa Bay mu January 2003. Kuyambira pamenepo zaka zisanu ndi ziwiri zotsatizana timu sinapambane masewero oposa 5 pa 16. Mu 2006, chaka chimene iye analanda mipira 8, timu inapambana awiri okha. Chaka chake chomaliza kuno ndi chimene anafika 8 kupambana, 8 kuluza. Munthu anatha unyamata wake wonse osalawako ma playoffs, ndime yachipulula yolimbirana chikho, ngakhale kamodzi.

Chimzy265
Ndiye anali ngati goloboyi wabwino wa timu yotuluka mu ligi.

Nyerere_Yeniyeni
Ngati difenda wabwino wa Bullets, kungoti ameneyo sanabadwe.

Maule_Mpaka_Kale
Manoma mwayamba. Tiwerengere zikho?

Nyerere_Yeniyeni
Werengani, ife tikumwa tiyi ku Lali Lubani.

Mthandizi_wa_Gulu
Amwene awiri inu, nkhani ya Maule ndi Manoma ili ndi malo ake. Bambo afunsa za mwana wawo.

MayiAwiri_Leeds
Ine ndilankhule ngati mayi, mundikhululukire bambo a ku Indiana. Inu mukudandaula kuti mwana sakugwira mpira. Ine ndikanathokoza Mulungu kuti sakumugunda. Wanga kuno ankafuna rugby, ndinakana mpaka analira. Kuopsa kwa mpira wa ku America umenewu kunavumbulidwa ndi dokotala wa ku Nigeria, Bennet Omalu, amene mu 2002 ku Pittsburgh anapima ubongo wa malemu Mike Webster, yemwe anasewerera Steelers zaka zambiri, n'kupeza matenda amene amati CTE. Amabwera chifukwa cha kugundidwagundidwa kumutu, ndipo amadzaonekera munthu atakula: kuiwala, kupsa mtima, kusokonezeka. Chipewacho chimateteza chigaza kuti chisasweke, koma ubongo m'katimo umagwedezekabe. Mayi ake a mwanayu akuti bwanji?

Bambo_Indiana
Asisi, mwafunsa funso lowawa. Mayi ake sabwera kubwalo. Amakhala kunyumba foni ili m'manja, ine ndimawatumizira uthenga kota iliyonse ikatha kuti ali bwino. Ndinasaina pepala la chilolezo ndi ine, ndipo tinakangana masiku atatu.

Dokotala_wa_Mbuzi
Asisi a ku Leeds akunena zoona, tisawatsutse. Ndingowonjezera kuti kuopsa kumasiyana malo ndi malo. Anyamata akuluakulu a kutsogolo aja amawombana mitu pafupifupi sewero lililonse. Cornerback sawombana kawirikawiri choncho, koma akawombana amakhala ali paliwiro, ndipo nthawi zina akugwetsa munthu womuposa thupi. Chofunika bambo mufunse kochi ngati amawaphunzitsa kugwetsa ndi phewa mutu uli pambali, osati kulowa ndi chipewa. Ndipo mwana akadzanena kuti mutu ukupweteka kapena akuona chizungulire pambuyo pa sewero, musadzamuuze kuti limba mtima ndiwe mwamuna. Apume mpaka dokotala amuone. Ana amabisa poopa kutaya malo pa timu.

MayiAwiri_Leeds
Zikomo adokotala. Koma ine wanga ayi ndithu.

Gogo_Fulu
Ine ndafika mochedwa monga mwa dzina langa. Palibe amene wanena za ku Philadelphia? Chifukwa nkhani ya mnyamata ameneyu siithera ku Oakland, ndipo kwa ine phunziro lili kumeneko.

Mu 2011 eni matimu anatseka zipata pokangana ndi osewera za ndalama, kuyambira March mpaka July. Atatsegula, Asomugha ndiye anali nyama imene aliyense ankaifuna. Anthu ankayembekeza Jets kapena Dallas, mwadzidzidzi Philadelphia Eagles inamutenga kumapeto kwa July: zaka zisanu, madola 60 miliyoni, 25 miliyoni yotsimikizika. Eagles inagula anthu ambiri nthawi imodzi, mpaka Vince Young, woponya wawo wapabenchi, anaitcha Dream Team. Dzina limeneli linasanduka chitonzo.

Chimene chinachitika n'chakuti kochi wamkulu Andy Reid anapereka udindo woyang'anira otchinga kwa Juan Castillo, munthu amene kwa zaka zambiri ankaphunzitsa mbali ina kotheratu, anyamata oteteza woponya. Ndiye anamutenga Asomugha, amene luso lake lonse linali kuima pamphuno pa receiver, kumukankha ndi manja ake aatali aja pomwe sewero likuyamba n'kumusokoneza njira, n'kumamuika kuti azilondera dera, nthawi zina m'kati, nthawi zina kumbuyo. Kumaka munthu ndi kulondera dera ndi ntchito ziwiri zosiyana. Pomaka munthu maso ali pa munthu. Polondera dera maso ali pa woponya, ndipo uyenera kudziwa nthawi yomusiya receiver kuti mnzako amulandire. Munthu anazolowera zina zaka 8, ndipo panalibe nthawi yokwanira yokonzekera chifukwa cha kutseka kuja. Mumamuona akuloza mnzake, mnzake akuloza iye, mpira uli m'manja mwa mdani.

Chaka chimenecho analanda mipira itatu, kuposa zaka zake za Pro Bowl, koma aliyense ankadziwa kuti wabwerera m'mbuyo. Mukuona bambo a ku Indiana? Manambala anakwera chifukwa anasiya kumuopa. Eagles inatha 8 ndi 8, chaka chotsatira inapambana 4 yokha. Castillo anachotsedwa mu October 2012, Reid kumapeto kwa sizoni, Asomugha mu March 2013.

Revis_Island_BT
Gogo, musamukhululukire kwambiri. Mu 2012 anamubwezera kumaka munthu kambirimbiri ndipo ankadyedwabe. Miyendo inali itapita. Anafika ku Philadelphia ali ndi zaka 30, ndipo pamalo amenewa zaka 30 ndi madzulo. Tsabola wakale sawawa.

Gogo_Fulu
Sindikukana, zonse ziwiri zinakumana. Cornerback amadya liwiro lake. Woponya angathe kusewera mpaka zaka 40 ngati Tom Brady chifukwa amadalira mutu ndi mkono. Uyu akataya kachigawo kochepa ka sekondi, mwana wa zaka 23 amudutsa. Ena akakula amasamukira ku safety, monga anachitira Charles Woodson ndi Rod Woodson, n'kuwonjezera zaka. Asomugha anapita ku San Francisco 49ers mu 2013, anasewera masewero atatu okha, anamumasula mu November, ndipo mu December anasaina kontrakiti ya tsiku limodzi kuti apume ngati wa Raiders. Zaka 11, mipira yolanda 15.

Chimzy265
Dikirani kaye. 60 miliyoni ija anailandira yonse?

Gogo_Fulu
Ayi mdzukulu. Ku NFL nambala yaikulu ija ndi ya m'nyuzipepala. Yako ndi yotsimikizikayo. Akakuchotsa pakatha zaka ziwiri, za zaka zitatu zotsalazo zimapita ndi mphepo. Fodya wako ndi amene ali pamphuno.

Chimzy265
25 miliyoni ya madola ineyo andichotse mawa lomwe, sindidandaula. Ndikagula Area 47 yonse.

NaPhiri_wa_pa_Zomba
Koma dzinali ndikulidziwa kwina. Si mwamuna wake wa Kerry Washington uyu?

Kabaza_wa_Oakland
Yemweyo mayi. Anakwatirana mu 2013, mwakachetechete moti atolankhani anamva ukwati utachitika kale. Masiku ano ndi wa mafilimu, amasewera komanso amapanga, ndipo anafika pochita zisudzo pa Broadway ku New York mu 2020. Ambiri amene amamuona pa kanema sadziwa n'komwe kuti ankasewera mpira.

Ine chimene chimandigwira mtima ndi china. Bambo ake anamwalira iye ali mnyamata wamng'ono, mayi ake ndi amene analera ana, ndipo maphunziro anawaika patsogolo. Digiri yake ya ku Berkeley anaimaliza. Ali ku Raiders ankatenga ana a sekondale ochokera m'mabanja osowa kuno n'kupita nawo kukaona mayunivesite m'mizinda ina, kuti aone ndi maso kuti n'zotheka. Banja lawo lilinso ndi bungwe lothandiza ana amasiye ndi amayi amasiye ku Nigeria. Miyendo itatha, munthu anali ndi kolowera.

Mphunzitsi_Wopuma
Apa ndi pamene ndimadikira. Bambo a ku Indiana, funso loti mwana akugwira mpira kapena ayi ndi laling'ono. Funsani za magiredi. Ana osewera mpirawu kusekondale ku America ndi ochuluka zedi, ofika ku NFL ndi ochepetsetsa, matimu alipo 32 okha. Koma mpira womwewo ungathe kumulipirira koleji, ndipo makochi a kukoleji saona chimkuzamawu chimene chikukuwawani inucho. Amaonera kanema wa masewero, kubweza, kuonanso, kuyang'ana mapazi a mwana ndi mmene akutembenuzira chiuno. Ngati kochi wake akumuyerekeza ndi Asomugha, mupempheni kanemayo, musunge.

Bambo_Indiana
Aphunzitsi, magiredi ali bwino kupatula masamu. Pamenepo mayi ake sanyengerera, akatsika mpira watha, anagwirizana choncho.

Maule_Mpaka_Kale
Funso la mbuli: ife kuno tingauonere kuti mpirawu? Mwina ndisiye kunyoza ndiuone kaye.

Revis_Island_BT
Pa ESPN Lamlungu. Masewero oyamba amayamba 7 koloko madzulo nthawi yathu mu September ndi October, kenako 8 koloko iwo akasintha mawotchi. A usiku kwawoko amatipeza 2 koloko m'bandakucha, Super Bowl cha m'ma 1:30. Magetsi akalola. Koma chenjezo: kamera imalondola mpira, ndiye cornerback amatuluka pa sikirini sewero likangoyamba. Umamuona pokhapokha mpira ukapita kwa iye, kutanthauza kuti nthawi zambiri umamuona tsiku limene walakwitsa.

Nyerere_Yeniyeni
Ndiye bola bambo a ku Indiana amaonera pabwalo.

Kabaza_wa_Oakland
Eya, ndipo achimwene, Lachisanu likubwerali chitani izi. Iwalani mpira. Musauyang'ane n'komwe. Khalani pamwamba pa mabenchi kuti muone bwalo lonse. Sewero lisanayambe onani pamene mwana waima: ali pafupi ndi receiver kapena wasiya mpata? Likayamba, muone mutu wa woponya. Akayang'ana mbali ya mwana wanu, n'kugwira mpira kaye, n'kutembenukira kwina, kapena n'kugwetsedwa asanaponye, dziwani kuti sewero limenelo wapambana ndi mwana wanu ngakhale dzina limene litchulidwe likhala la wina. Muziwerenga. Mudzatiuze.

Dokotala_wa_Mbuzi
Ndipo mutenge bulangete lachiwiri, Indiana mu October si masewera.

Bambo_Indiana
Ndabwera ndi lipoti. Ndinakhala pamwamba penipeni monga munanenera a Kabaza, ndi kapepala ndi cholembera cha kuntchito. Anthu oyandikana nawo ankandiyang'ana ngati ndine wa koleji wodzasaka ana.

Ndinawerenga kasanu ndi kamodzi pamene woponya wa timu inayo anatembenuzira mutu kwa mnyamata wanga n'kubwerera. Kawiri anagwetsedwa mpira uli m'manja. Ndinaonanso chinthu chimene masabata onsewa sindinkachiona: mwana wa eni ake uja, wamtali kumuposa wanga, pofika kota yachitatu anayamba kukankha wanga sewero litatha, kukwiya. Wanga osayankha, kungobwerera pamalo pake n'kuwerama, manja lende.

Kota yomaliza, anamuponyera. Kamodzi kokha usiku wonse, mpira wautali kumphepete. Ndinaimirira bulangete linagwa. Anathamanga phewa ndi phewa, mpira unagwa pansi, ine ndayamba kale kukuwa, kenako ndikuona kansalu kachikasu kali pa udzu. Akuti anamukoka jezi mpira usanafike, chilango mayadi 15. Abale, ndinamulalatira refu m'Chichewa, mawu amene sindingalembe pano chifukwa ndine mkulu wa mpingo. Mayi wina wachizungu pambali panga ankangovomereza ndi mutu ngati akumva.

M'galimoto ndinamufunsa, unamukoka? Akuti adadi, pang'ono pokha, aliyense amakoka, kungoti ine ndinakokera mbali imene refu anaima. Ndinatumiza uthenga kwa mayi ake kuti ali bwino. Anayankha kuti mufunseni za homuweki ya masamu.

Revis_Island_BT
Muuzeni dzanja lokokera likhale la m'kati, m'chiuno, osati paphewa. Revis ankatero.

Mthandizi_wa_Gulu
Akulu, mwana wa mkulu wa mpingo musamuphunzitse kuba.